Lole Yamanzere mu Mpanda wa Mfumu

Mu ufumu wa Zangazokha chilichonse n'cha Mfumu Mimbayanga Wachitatu, kupatula udzudzu ndi chimfine, zimene mwa chifundo chake anasiyira anthu wamba kuti nawonso akhale ndi kanthu. Mapiri ndi ake, nsomba ndi zake, ndipo mvula ikagwa pa nthawi yake wailesi ya ufumuwo imathokoza iyeyo. Chinthu chimodzi chokha ndicho chinaiwalika kwa zaka zambiri, ndipo chinali mchenga. Aliyense ankangopita ku mtsinje wa Tsalani ndi fosholo, kutapa, n'kukamanga nyumba yake ngati kuti dzikolo n'la onse.

Zinthu zinasintha chaka chimene khonde la nyumba yachifumu linang'aluka. Nyumbayo ili pagombe penipeni pa Tsalani, ndipo ngakhale mwana wa sitandade wanu ankadziwa chimene chinachitika: amisiri a mfumu omwewo anafukula mchenga pansi pa gombelo pamene ankawonjezera zipinda za alendo makumi atatu. Koma nduna zinakhala pa msonkhano masiku anayi, zinadya mbuzi zisanu ndi ziwiri, n'kupeza kuti olakwa ndi anthu wamba, amene amamanga zimbudzi zawo osaganizira khonde la mfumu.

Amene anatumidwa kukalengeza lamulo latsopano pa msika wa Usandifunse anali Olemekezeka a Mkokomo, omwe m'mawa womwewo anali atangolandira udindo wa Nduna ya Mchenga, Miyala ndi Fumbi. Anakwera pa thebulo la wogulitsa matemba, n'kukonza kukhosi.

"Anthu a Zangazokha! Kuyambira lero, kamchenga kalikonse ka m'dziko muno n'ka mfumu. Wofuna kunyamula mchenga akatenge chiphaso ku Ofesi ya Ziphaso za Mchenga. Galimoto iliyonse yopezeka ndi mchenga popanda chiphaso idzagwidwa, idzatsekeredwa mu Mpanda wa Mfumu, ndipo idzayankha mlandu!"

"Ofesiyo ili pati, bwana?" anafunsa mayi wina wogulitsa tomato.

"Ikumangidwa."

"Itha liti?"

"Mchenga ukapezeka."

Anthu anawomba m'manja, chifukwa ku Zangazokha nduna ikatsiriza kulankhula umawomba m'manja kaye, kuseka ukasekera kunyumba. Mkulu wina wosoka nsapato anavula zake zomwe n'kuzikutumula pamaso pa nduna, kuopa kupezeka atanyamula katundu wa mfumu pakati pa zala.

Galimoto yoyamba kugwidwa inali lole ya Donata Nangozo, mayi wa ana anayi, wamfupi, wosalankhulalankhula, amene ankayendetsa yekha lole imene bambo ake anamusiyira. Kumbuyo kwa loleyo kunalembedwa dzina lake ndi penti yofiira, Ndifikabe, ndipo dzinalo linali loona, chifukwa inkafikadi, kungoti simunayenera kukhala ndi changu.

Loleyo sinagulidwe kulikonse. Malemu a Ngozo, bambo a Donata, anali wowotcherera zitsulo, ndipo anaipanga okha kuseri kwa nyumba pa zaka khumi ndi chimodzi, kuchokera ku zitsulo za thirakitala yakufa, za chigayo, ndi zina zimene sanaulule mpaka kumanda. Tsono mkuluyo anali wamanzere, komanso wamakani. Ankati dziko lonse linapangidwira anthu a dzanja lamanja, choncho lole yake yokha ndiyo idzamvere iye. Bawuti lililonse analisula yekha kuti lizimangika potembenuzira kumanzere. Malimu a matayala anawaboola mabowo asanu ndi awiri, pamene a anthu ena onse amakhala ndi asanu ndi limodzi kapena asanu ndi atatu. Makanika aliyense amene anayesapo kuikonza anabwerera kwawo akutukwana.

Kwa aNangozo loleyo ndiyo inali munda, ndiyo inali nkhokwe. Ana ankadya pa iyo, ankapita kusukulu pa iyo, ndipo mayiyo akagwira chiwongolero ankamva ngati bambo ake sanapite kutali.

Tsiku limene anagwidwa anali atanyamula mchenga umene anamutuma kontilakita womanga Ofesi ya Ziphaso za Mchenga. Atafika pa mlatho, Sajeni Chitsekero, mkulu wa alonda a Mpanda wa Mfumu, anaimika dzanja.

"Chiphaso, mayi."

"Chiphasocho chichokera mu ofesi imene ndikupititsira mchengawu, bambo."

"Ndiye kuti mulibe."

"Ndilekeni ndikatule, amange, mawa ndibwera nacho."

"Za mawa n'za mawa, mayi. Lero mwalakwa."

Kontilakita uja atafunsidwa analumbira kuti mayiyo sakumudziwa, ndiponso kuti iye pa moyo wake sanamangepo ndi mchenga. Ndifikabe inalowa mu Mpanda wa Mfumu ndi katundu wake yense, chipata chinatsekedwa, ndipo aNangozo anabwerera kwawo wapansi, makiyi ali m'manja.

Akuluakulu anati mlandu suwola, ndipo ku Zangazokha amaonetsetsa kuti mwambiwu wayesedwa mokwanira. Mlandu wa aNangozo unayambira ku Bwalo la Zamadzi, popeza mchengawo unachokera mu mtsinje. Oweruza a kumeneko anaufikisa ndi zala, n'kupeza kuti ngwouma, choncho si nkhani ya madzi. Anautumiza ku Bwalo la Zanthaka. A Zanthaka anati mchenga ukakwera lole ndiye kuti wasiyana ndi nthaka, nkhaniyo njamisewu. A Zamisewu anati iwo amaweruza galimoto, osati katundu, ndipo anapempha miyezi itatu yoti aone ngati lole yodzaza mchenga ili lole kapena mulu wa mchenga wokhala ndi matayala. Miyezi itatuyo isanathe mvula inagwa, mchenga uja unanyowa, ndipo fayilo inabwerera ku Bwalo la Zamadzi, limene silikhala nthawi ya dzinja chifukwa m'nyumba yake mumalowa madzi.

Pa nthawiyo mu Mpanda munali mutadzaza. Munali malole makumi anayi, mathirakitala, mawilibala, ndi ngolo imodzi imene inagwidwa pamodzi ndi ng'ombe zake. Ng'ombezo zinafa ndi nkhawa ya mlandu tsiku limene alonda anali ndi phwando. Maloya okha ndiwo ananenepa, chifukwa mwini galimoto aliyense ankafuna womulankhulira, ndipo loya wa ku Zangazokha amatha kulankhula m'mawa wonse popempha kuti mlandu uyimitsidwe kaye. ANangozo analibe loya. Ankangobwera tsiku lililonse limene awauza, kukhala pa benchi, kumva tsiku lina, n'kubwerera kukagulitsa mbatata za ku dimba kwawo.

Lachisanu lililonse ankapita ku Mpanda kukasuzumira pa kabowo ka malata. Zimene ankaona zinali zochititsa nthumanzi. Malole a anzawo ankachepa sabata ndi sabata: lero nyali zachoka, mawa batire, mkuja galimoto yonse yakhala pa njerwa. Koma Ndifikabe inali chiimire, yathunthu. Chimene ankamva chinali kuthyoka kwa masipanala ndi mawu osayenera kulembedwa m'buku. Alonda aja, poyesa kumasula mabawuti, ankawamanga, ndipo kwa masabata asanu anagwira ntchito yolimbitsa loleyo ndi thukuta lawo, kwaulere.

Koma wakuba salephera mpaka kale. Sabata lachisanu ndi chimodzi wina anayesa kutembenuzira kwinako, ndipo Lachisanu lotsatira aNangozo anapeza tayala lakutsogolo kulibe. Anathamangira kuchipata mtima uli m'malere.

"Bambo Sajeni, tayala langa labedwa!"

Sajeni Chitsekero anayang'ana uku ndi uku, n'kuwakokera pambali. "Mayi, ndikuchitirani chifundo, sindinamve. Mumatha kuwerenga?"

Anawalozera chikwangwani chachikulu chimene chinali pamwamba pa chipata. Panalembedwa kuti: MU MPANDA WA MFUMU SIMUNABEDWEPO KANTHU CHIYAMBIRE, NDIPO SIMUDZABEDWA. WONENA KUTI MWABEDWA WANYOZA MFUMU. ZAKA ZISANU NDI ZIWIRI KUNDENDE.

"Nanga tayala langa lili kuti?"

"Mwina munkawerenga molakwa. Anthu ambiri amaganiza kuti galimoto zawo zili ndi matayala ambiri kuposa amene zili nawo."

Tsiku limenelo aNangozo analira njira yonse. Sanalire pamene bwalo linkawazunguza, koma kuona ntchito ya manja a bambo awo ikudyedwa iwo akuyang'ana kunawapweteka kwambiri, ndipo panalibe ndi woti n'kumudandaulira yemwe.

Patapita masiku khumi, akudutsa pa msika wa Usandifunse ndi dengu la mbatata pamutu, anamva wina akuitana. Anali a Zuze Kapalamula, ogulitsa masipeya a galimoto, munthu amene m'sitolo mwake munkapezeka chilichonse kupatula yankho la funso loti chachokera kuti.

"Achemwali, tabwerani kuno. Ichi mukuchidziwa?"

Pakona panali tayala. ANangozo anatula dengu, n'kuwerenga mabowo ndi chala. Anali asanu ndi awiri.

"Tayala limeneli landivutitsa ine," anatero a Zuze. "Ndaligulitsa katatu, labwerera katatu. Wachitatuyo anabwera ndi alamu ake awiri, pang'onong'ono andithyole nthiti. M'dziko lonse lino mulibe galimoto imene lingalowe. Lichotseni pano, likungonditsekera malo."

"Nanga munalilandiriranji, achimwene?"

"Iii, anyamata a ku Mpanda aja sasankhitsa. Amabweretsa mulu. Ukakana choipa, chabwino sudzachionanso. Ndiye ndimangotenga zonse."

ANangozo anasisita tayala lija. Kenaka anathira mbatata zonse za m'dengu pa thumba la a Zuze ngati malipiro a tayalalo.

"Achimwene, chilichonse chamanzere chikafika pano, munditumizire mawu."

Umu ndi momwe Ndifikabe inayambira ulendo wobwerera kwawo, ndipo sinafulumire, monga mwa khalidwe lake. Matayala ena anafika mwezi womwewo. Hutala inafika, nyali zinafika, thanki ya dizilo inafika itazungulira kaye midzi itatu. Mpando wa dalaivala unagulidwa ndi wometa tsitsi, koma malemu a Ngozo anaupendeketsera kumanzere kuti uziwakomera iwo, ndipo anthu onse amene anameta sabata limenelo anatuluka ndi mitu yopendekeka. Wometayo anaubweza yekha ataunyamula pamutu. Injini inagulidwa ndi mwini chigayo wina wa kutsidya. Ataiika, chigayo chinayamba kuzungulira chammbuyo, ndipo mkuluyo mpaka lero amalumbira kuti anaona ndi maso ake ufa ukubwerera kukhala chimanga.

Alonda aja sanadziwe kalikonse. Iwo ankangomasula n'kutumiza kumsika, a Zuze ankagulitsa, ogula ankabweza, ndipo madzulo ake chitsulocho chinkagona kwa aNangozo. Kuseri kwa nyumba, pamalo omwewo pamene bambo awo anaipangira, mayiyo anamanga chigafa cha udzu. Anthu oyandikana nawo akafunsa, ankayankha kuti akufuna kuyamba kulima fodya. Anthuwo ankavomera ndi mutu, ngakhale kuti fodya wake ankanunkha dizilo. Ku Zangazokha anthu amadziwa kusaona, chifukwa boma linawaphunzitsa bwino.

M'chigafamo aNangozo anatulutsa masipanala a bambo awo n'kuyamba kumanga. Bawuti lililonse ankalidziwa malo ake, popeza anakula akuyang'ana loleyo ikumasulidwa ndi kumangidwanso. Chomaliza kufika chinali chitsulo chachikulu cha pansi, chimene amakanika amati chasisi. Chinatuluka mu Mpanda masanasana, pa ngolo ziwiri zolumikiza, chitafunditsidwa mapesi, ndipo Sajeni Chitsekero mwiniyo ndiye anaimitsa magalimoto pa msewu kuti chidutse bwino.

A Zuze atabwera kudzaona loleyo itaima pa matayala ake onse, sanaseke. Anakanda mutu.

"Achemwali, ntchitoyi njabwino, koma mwaganizapo? Mukangoitulutsa pa msewu, adzati mwaba katundu wa mu Mpanda. Lole adzatenganso, inu mudzawolera kundende, ine ndidzakhala chipinda choyandikana nacho."

"Ndaganiza, achimwene. Situluka mpaka bwalo litalankhula."

"Bwalo lake liti? Limene lija silikudziwa ngati mchenga ndi madzi?"

"Kuona maso a nkhono n'kudekha," anatero aNangozo, n'kubwezera udzu pakhomo pa chigafa.

Anadekhadi miyezi ina inayi, lole ili m'chigafa, iwo akugulitsabe mbatata. Kenaka mwayi unabwera kuchokera kumene sankauyembekezera. Woweruza wamkulu wa ufumuwo, a Jaji Chizengereza, anali pafupi kupuma pa ntchito atatumikira zaka makumi atatu ndi zisanu. Pokonza mawu odzawayamikira pa phwando lotsanzikana, kalaliki wawo anafufuza m'mafayilo onse kufuna mlandu umodzi umene bwanayo anaumalizapo, ndipo sanaupeze. Nkhaniyi inawakhudza a Jaji. Analamula kuti mlandu wakale kwambiri wa mchenga ubwere pamaso pawo, autsirize, kuti nawonso adzakumbukiridwe.

Tsikulo m'bwalo munadzaza. A Mkokomo analipo atavala mkanjo wa unduna, Sajeni Chitsekero analipo nsapato zikung'anima, ndipo theka la msika wa Usandifunse linali pa mawindo. Nduna inalankhula maola awiri za kupatulika kwa mchenga, mpaka inagwetsa misozi pofotokoza mng'alu wa pa khonde. A Jaji anadzidzimuka pamene anthu ankawomba m'manja, n'kupereka chigamulo nthawi yomweyo: lole yotchedwa Ndifikabe yapezeka yolakwa, ndipo kuyambira lero ndi katundu wa mfumu.

ANangozo anaimika dzanja.

"Bwana woweruza, chigamulo ndachimva, ndipo ndathokoza. Ndili ndi kapempho kamodzi kokha. Loleyo anandisiyira ndi malemu bambo anga. Ndiloleni ndikatsanzikane nayo, ndiipereke ndi manja anga kwa mfumu, inu mukuona. Zisamveke mawa kuti ndinapereka chinthu chosakwanira."

Sajeni Chitsekero anayamba kutsokomola. Koma a Jaji anakondwa nalo pempholo, chifukwa wojambula zithunzi wa nyuzipepala ya ufumu anali pomwepo, ndipo chithunzi cha woweruza akulandira lole chikanakongoletsa bwino khoma la pabalaza.

Choncho bwalo lonse linanyamuka. Patsogolo a Jaji ndi ambulera, kenaka nduna, kenaka Sajeni akukoka miyendo, ndipo pambuyo msika wonse, mpaka wogulitsa matemba ndi matemba ake omwe. Chipata chinatsegulidwa. Anadutsa pakati pa zigoba za malole okhala pa njerwa, mpaka anafika pakona pamene Ndifikabe inaimikidwa chaka ndi theka chapitacho.

Panali mulu wa mchenga, njerwa zinayi, ndi dzungu limene linamera pambali pa muluwo, ndipo linali litabereka bwino.

"Sajeni," anatero a Jaji, "lole ili kuti?"

Sajeni anatsegula pakamwa, anayang'ana chikwangwani cha pa chipata chija, n'kutsekanso pakamwa.

"Kodi yabedwa, bwana?" anafunsa aNangozo ndi mawu ofatsa.



"Mayi inu, samalani lilime!" anakuwa a Mkokomo.

"Ine sindinanene kanthu, Olemekezeka, ndangofunsa. Ndine munthu wosaphunzira. Akuluakulu ndinu mundiuze."

Tsono apa mutu unakula, ndipo sunathe kulewa nkhonya. Kunena kuti lole yabedwa kunali kunyoza mfumu, ndipo a Jaji sanafune kukapumira ntchito kundende. Kunena kuti lole ilipo kunali kovuta, chifukwa anthu mazana atatu anali kuyang'ana dzungu. Mkuluyo anavula magalasi, anawapukuta, anazungulira mulu wa mchenga kawiri, ndipo kwa nthawi yoyamba pa zaka makumi atatu ndi zisanu anaganiza mofulumira.

"Lembani," anauza kalaliki. "Mu Mpanda wa Mfumu simubedwa kanthu. Choncho chilichonse cholowa muno chimakhala muno. Lole yotchedwa Ndifikabe muno mulibe, choncho sinalowemo. Koma Sajeni ndi munthu wokhulupirika, ndipo lole iliyonse imene anaiona ndi mchenga anailowetsa muno. Ngati iyi sanailowetse, ndiye kuti sanaione. Ngati mlonda wa mfumu sanaione, ndiye kuti panalibe choti aone. Bwalo lino likugamula kuti lole yotchedwa Ndifikabe kulibe, sinakhaleko, ndipo aliyense wonena kuti waiona akutsutsa bwalo la mfumu."

"N'zoona, bwana!" anafuula Sajeni, thukuta lili kamukamu. "Ine chibadwire sindinaionepo!"

"Nanga mchengawu unafika bwanji muno?" anafunsa wosoka nsapato uja kuchokera kumbuyo.

"Unabwera wokha," anayankha a Jaji. "Ndi wa mfumu, ndipo wabwera mu Mpanda wa Mfumu. Anthu ena pano atengerepo phunziro."

A Mkokomo anayambitsa kuwomba m'manja, ndipo onse anatsatira. ANangozo anagwada mwaulemu.

"Zikomo, bwana woweruza. Koma mutu wangawu ngwoiwalaiwala. Mungandilembereko pa pepala, ndi chidindo chomwe, kuti ndizikumbukira kuti ndilibe lole?"

Anawalembera, n'kudinda zidindo zitatu. Wojambula uja anawajambula a Jaji ataima pafupi ndi dzungu. Amene sanaseke tsikulo anali eni malole ena aja, omwe anaima chete aliyense pafupi ndi chigoba chake. Zawo zinali zisanathe kubedwa, choncho zinali zikadalipo, ndipo milandu yawo inayenera kupitirira. Mmodzi anamveka akupempha mlonda motsitsa mawu kuti chonde afulumizeko.

M'mawa mwake udzu wa pa chigafa unachotsedwa. Ndifikabe inatsokomola katatu, inatulutsa utsi wakuda umene unathamangitsa nkhuku za mudzi wonse, n'kulowa mu msewu. Pa mlatho paja panali Sajeni Chitsekero. Ataiona ikubwera anakweza maso kumwamba n'kuyamba kuwerenga akhwangwala. ANangozo anaimba hutala, ndipo Sajeni anauza mnzake kuti masiku ano m'makutu mwake mukumalira.

Kuyambira pamenepo loleyo sinapume. Inanyamula mbatata, njerwa, mbuzi, akwati ndi maliro omwe. Pa msika wa Usandifunse munthu akafunsidwa kuti wabwera bwanji ndi matumba khumi a chimanga, ankayankha kuti wangoyenda pansi, koma pansi pake panali pokwera pang'ono. Ana a aNangozo anabwerera kusukulu ndi nsapato. Mchenga wokha ndiwo mayiyo sanaukhudzenso.

Kunyumba yachifumu zinthu sizinali bwino. Chikondwerero cha zaka makumi awiri za ufumu wa Mimbayanga chinali pafupi, mafumu a maiko ena anali ataitanidwa, ndipo mng'alu wa pa khonde unali utakula moti mbuzi inagweramo. Pankafunika mchenga wambiri, msanga. Koma malole onse a m'dzikomo anali pa njerwa mu Mpanda, Ofesi ya Ziphaso inali ikadali pa maziko, ndipo lamulo silikanafafanizidwa chifukwa kutero kukanatanthauza kuti mfumu inalakwitsa. Nduna zinakhalanso masiku anayi. Pa mbuzi yachisanu ndi chimodzi zinapeza nzeru: lamulo limaletsa galimoto kunyamula mchenga, koma silinena kanthu za galimoto imene kulibe.

Choncho Lolemba lina m'mawa galimoto ya mbendera inaima pakhomo pa aNangozo. Ndifikabe inali pabwalo, injini ikulira, a Zuze ndi amayi a kumsika akukweza madengu a tomato. A Mkokomo anatsika akumwetulira, chipewa chili m'manja.

"Mayi athu aNangozo! Mwadzuka bwanji? Ana ali bwanji?"

"Tadzuka bwino, Olemekezeka, kaya inu?"

"Bwino ndithu. Mayi, mfumu yakukumbukirani. Dziko lanu likukufunani. Tikufuna mutibwereke loleyi masabata awiri okha, ikatitutire mchenga wa khonde. Ikhala m'manja abwino, usiku izigona mu Mpanda wa Mfumu, motetezedwa."

Amayi aja anasiya kukweza madengu. A Zuze anayamba kuyang'ana njira yothawira. ANangozo anapukuta manja pa chitenje, n'kuyang'ana nduna ndi nkhope yodabwa.

"Lole yake iti, Olemekezeka?"

"Aaa, mayi, musatero. Iyi ili apayi."

"Pati?"

"Apa! Iyi ndaigwirayi!" A Mkokomo anamenya chitseko cha loleyo ndi chikhatho, ndipo chinalira kuti pha!

ANangozo anapisa dzanja m'thumba la malaya, anatulutsa pepala lija, n'kulitambasula kuti zidindo zonse zitatu zioneke.

"Olemekezeka, ine ndimakulemekezani, ndiye ndikuchenjezeni ngati mlongo wanu. Pano pali anthu ambiri, ndipo onse ali ndi makutu. Mukunena kuti mukuona chinthu chimene bwalo la mfumu linagamula kuti kulibe? Ndiye kuti chinatuluka bwanji mu Mpanda muja? Tanenani mokweza, amve onse."

Nduna inayang'ana pepala, inayang'ana anthu, kenaka inachotsa dzanja pa chitseko pang'onopang'ono n'kulibisa kumbuyo.

"Ine... ndimangoyeza mphepo."

"Mphepo ilipo lero, bwana," anavomereza a Zuze. "Yamphamvu."

ANangozo anapinda pepala lawo, anakwera, n'kukhala pa mpando wopendekeka uja. Amayi anakwera kumbuyo ndi madengu awo. Giya inalowa ndi phokoso lake la masiku onse.

"Mukapereke moni kwa mfumu," anatero mayiyo pa windo. "Muwauze kuti ndikanakhala ndi lole, ndikanathandiza ndi mtima wonse."

Ndifikabe inayamba kusuntha. A Mkokomo anali ataima kutsogolo kwa tayala lakumanzere, ndipo kwa kanthawi anaoneka ngati akufuna kukhulupirira chigamulo cha bwalo mpaka mapeto. Koma tayalalo litatsala pang'ono kufika pa nsapato, Nduna ya Mchenga, Miyala ndi Fumbi inadumphira m'ngalande.